Mmene Amalume Anatsikira M'mitambo

Msuweni wanga woyendetsa ndege anabwera ku Chadiza pa minibasi, atakhala mpando wakumbuyo pakati pa thumba la feteleza ndi beseni la tomato. Ndinakamuchingamira pa siteshoni ya pa boma, ndipo nditamuona akutsika, tsitsi lili mbuu ndi fumbi la mumsewu wa ku Chipata, ndinamufunsa komwe waimika ndege yake. Anati waisiya kutali chifukwa mwamuna wake ndi waulesi, sanalambule bwalo. Mwamuna wakeyo ankanena ine. Iye ndi mwana wa amalume anga, ndipo chiyambire ubwana wathu ku Pembamoyo ine ndimamutchula akazi anga, iye amanditchula amuna anga, ngakhale mkazi wanga weniweni ataima pomwepo.

Tinakulira limodzi, kuthamangitsa mbuzi zomwezo ndi kukwapulidwa ndi mphunzitsi yemweyo. Kusiyana kwathu kunali pa masamu. Kwa iye masamu anali ngati madzi akumwa, kwa ine anali ngati mankhwala a malungo. Atamaliza sekondale anapeza mwayi wa maphunziro oyendetsa ndege, ine ndinapita ku koleji ya zaulimi n'kubwerera kwathu konkuno kudzakhala mlangizi. Pa nthawi imene ndikunenayi n'kuti atauluka kale zaka zingapo pa ndege zing'onozing'ono, zija zimanyamula alendo odzaona nyama ndi mabwana a ntchito.

Unali mwezi wa Okutobala, dzuwa likuswa mtengo, kumwamba kuli tolo ndi utsi wa lupsa. Anandiuza kuti ali ndi mayeso kutsogolo ndipo akufuna malo abata okonzekerera. Kumudzi kwa atate ake kulibe magetsi, motero anasankha nyumba yanga ya pa boma. Ndinadabwa kuti munthu wouluka kale akuyesedwanso, koma anati ntchito yawo mayeso amatha tsiku lopuma pa ntchito. Awa anali okhudza njira yatsopano yotererera pamene pansi sipakuoneka.

M'mawa mwake anatsegula laputopu patebulo lathu lodyera n'kulumikizako kandodo kowongolera kamene anabwera nako m'chikwama. Pa sikirini panaoneka m'kati mwa ndege, mawotchi ndi manambala ali mbwee, koma pazenera lakutsogolo panalibe chilichonse. Kunangoti mbee ngati wina wayanikapo nsalu yoyera. Ndinamuuza kuti kompyuta yake yafa. Anati ayi, mitamboyo waiika yekha dala, kuchokera m'mwamba mpaka kufupi ndi nsonga za mitengo.

Anandifotokozera maso ali pa sikirini. Kale ndege ikamatera m'mitambo inkadalira zipangizo za wailesi zozikidwa pansi pafupi ndi msewu woterapo, zipangizo zodula zimene mabwalo aang'ono ambiri alibe. Masiku ano masetilaiti amauza ndege pamene ili, ndipo kompyuta ya m'ndegemo imajambula njira yopita pamsewupo. Njira zoyamba za setilaiti zinkangouza woyendetsa ngati wakhotera kumanja kapena kumanzere. Kutsikako ankatsika yekha modukiza, ngati munthu wotsika masitepe mumdima. Zatsopanozi zimamuuzanso ngati wakwera kwambiri kapena watsika mopitirira. Anandilozera kamzere kamodzi koimirira ndi kadontho kamodzi m'mbali mwa sikirini. Ntchito yonse inali kusunga ziwirizi pakati.

Atatchula masetilaiti ndinaona kuti nkhani yalowa m'dera langa. Ife alangizi tili ndi kachipangizo ka GPS koyezera minda, ndipo ine ndinali nditakagwiritsa ntchito zaka zambiri. Ndinakatulutsa m'kabati n'kukaika patebulo pafupi ndi laputopu yake, n'kumuuza kuti ine masetilaiti ndimawadziwa kuposa iye, ndipo sindingawapatse moyo wanga. Tsiku lina ndikuyeza munda wa mtedza wa mayi wina kufupi ndi malire, kachipangizoka kanatenga ngodya imodzi ya mundawo n'kukaiika ku Mozambiki. Mayiyo atamva anandifunsa ngati tsopano azifuna chiphaso pokapalira.

Msuweni wanga anaseka mpaka ndege yake ya pa kompyuta inapendekeka. Kenako anati chipangizo cha m'ndege chimamvera masetilaiti ambiri n'kumayerekeza zimene akunena, ndipo chikangokayika chimaulula nthawi yomweyo kuti musandikhulupirire. Anati kanga kaja kamanama nkhope ili gwa, ngati mwini wake.

Patapita masiku angapo amalume anatulukira pa njinga, nkhuku itamangidwa pa keliyala. Ndi munthu wamtali, mlimi wa chimanga ndi mtedza, wosalankhula zambiri pokhapokha nkhani ikakhala ya mwana wawo wamkaziyu. Kumudzi ndege iliyonse ikamadutsa, ngakhale zija zimaoneka ngati kadontho kosiya mzere woyera, iwo ankaimika khasu n'kuvula chipewa, n'kuuza aliyense ali pafupi kuti mwana wawo ndi ameneyo. Koma iwo eni anali asanaikepo phazi m'ndege, ndipo anali asanamuonepo akugwira ntchito yake.

Atalonjerana ndi kumwa madzi, anakhala pa mpando kumbuyo kwake n'kumaonerera mwaulemu ngati ali m'tchalitchi. Anaonerera ndegeyo ikutsika m'nsalu yoyera ija, mpaka msewu unatulukira mwadzidzidzi kumapeto. Anaonereranso kachiwiri. Ndinaona nkhope yawo ikusintha.

"Mwananga, ndiye kuti anthu a eni ake aja umawatsitsa osaona kumene ukupita?"

"Ndimaona, atate, koma ndimaonera apa," anatero akuloza kamzere ndi kadontho.

Amalume anapukusa mutu. Anati iwo akamadutsa ndi ngolo padambo m'mawa wa nkhungu, amatsika n'kukatsogolera ng'ombe wapansi. Iye anayankha kuti m'ndege kutsika n'kovuta pang'ono. Ine ndinaseka, amalume sanaseke. Zinaoneka kuti kunyada kwawo kwa zaka zonse zija kwalowa mchenga. Ankaganiza kuti mwana wawo amayendetsa ndi maso akuthwa a kubanja kwawo, lero akumva kuti amamvera zinthu zimene sizioneka n'komwe.

Msuweni wanga anawagwira dzanja n'kutuluka nawo panja. Anamasula mbali imodzi ya chingwe choyanikira zovala, n'kuimangirira ku njerwa pansi, mbali ina ili pa nthambi ya mango m'mwamba. Chingwe chinatsetsereka bwinobwino kuchokera mumtengo kufika pa njerwa. Anatenga pegi n'kuipanika pamwamba, nati ndege ndi imeneyo, njerwa ndi msewu woterapo, ndipo chingwecho ndi njira imene kompyuta imajambula. M'mwambamo chingwe sichioneka, koma chilipo, ndipo kadontho kaja kamamuuza ngati akadali pachingwe. Kenako anamanga kansalu kofiira kufupi ndi njerwa.

"Ndikafika pa kansalu aka ndimadzutsa maso. Ndikauona msewu ndimatera. Ndikapanda kuuona sindikambirana ndi mtima wanga, atate. Ndimawonjezera moto wa injini n'kukweranso."

Amalume anafunsa ngati mabwana ake sakwiya akabwerera chotero. Anati ayi, amakwiya ukapitirira kansaluko usanaone msewu. Iwo anaima nthawi yaitali akuyendetsa pegi ija pachingwe, kukwera ndi kutsika. Anawadukiza ndi mkazi wanga, amene anatulukira ndi beseni la zochapa pamutu n'kupeza chingwe chake chasanduka bwalo la ndege. Anauza mkazi mnzake, momwe amamutchulira, kuti ndege zonse zitere msanga chifukwa mayunifomu a ana akufunika mawa.

Titabwerera m'nyumba, msuweni wanga anawakhazika atate ake pa mpando wake n'kuwagwiritsa kandodo kaja. Anakana kawiri mwa mwambo chabe, kachitatu anakagwira ndi manja onse awiri ngati chogwirira cha pulawo. Ndege inaloza mphuno kumwamba, kenako pansi, kenako tinaona mitengo ikubwera chozondoka. Sikirini inathima n'kuyambiranso.

Amalume anasiya kandodo kaja. Kenako anafunsa ngati anthu anali m'menemo. Atauzidwa kuti munalibe, anavula jekete n'kuipachika pa mpando, nati ayesenso.

Anagwetsa ndege zambiri tsiku limenelo, moti ndinasiya kuwerenga. Vuto lawo linali kuthamangitsa kadontho. Kakakwera pang'ono, iwo ankakoka mwamphamvu, kadontho n'kuthawira pansi. Akakankha, n'kuthawiranso m'mwamba. Mwana wawo ankawauza kuti agwire ngati akugwira mwanapiye, ndipo akakonza pang'ono adikire kaye aone. Iwo ankavomera, koma pakangopita kamphindi mkono wa khasu unkabwerera. Magetsi atazima anapitiriza mpaka batire inatha, kenako anakakhala pakhonde n'kumayang'ana babu ngati munthu wodikira mvula.

Sanabwerere kumudzi tsiku limenelo, ngakhale mawa lake. Akazi awo anaimba foni kudandaula kuti mbuzi zalowa m'dimba la eni, iwo anayankha kuti akuthandiza mwana pa mayeso. Ndipo n'zoona, ntchito inapezeka. Msuweni wanga anafuna munthu womusokoneza mwadzidzidzi monga amachitira oyesa. Amalume anadula kachikatoni, ndipo iye akamatsika bwinobwino, iwo ankaphimba nako kadontho kaja n'kulengeza kuti amulanda masetilaiti. Iye nthawi yomweyo ankawonjezera moto n'kukwera, akutchula mokweza chilichonse chimene akuchita. Amalume ankasangalala ndi zimenezi kuposa kutera kwenikweniko. Anafika pomabisa kachikatoni kumbuyo n'kumayang'ana kudenga ngati sakuganiza kanthu, kuti amupezerere. Sanamupezererepo.

Tsiku lomaliza anakwanitsa kutera kamodzi, dzanja la mwana wawo lili pamwamba pa lawo. Ndegeyo inadumpha ngati chule pamsewu koma inaima ndi matayala. Anaimirira, navala jekete, nati tsopano angathe kukaona mbuzi. Ndinamva pambuyo pake kuti kumudzi anauza anthu kuti kutera m'mitambo n'kosavuta, chofunika n'kudekha basi, ndipo kuti iwo anaphunzira m'masiku ochepa zimene ena amapitira kunja.

Msuweni wanga anakhoza mayeso ake, ndipo moyo unapitirira. Mvula inagwa, tinabzala, ine ndinali pa kalikiliki ndi mbozi za m'chimanga. Ndiye tsiku lina mu Febuluwale foni inalira. Msuweni wanga anati akubweretsa alendo ku Chipata, ndipo ndege ibwerera ku Lusaka yopanda anthu. Eni ndege alola kuti atenge abale awiri. Anandiuza kuti ndibwere ndi atate ake, ndipo ndisambe.

Ndinapita pa njinga yamoto kukawauza. Ndinawapeza m'munda wa mtedza. Anamvetsera, anayang'ana kumwamba komwe mitambo inali yakuda bii, nati nyengo yake ndi yabwino. Akazi awo anawakumbutsa kuti iwowo amachita chizungulire ngakhale pokwera nkhokwe, koma anayankha kuti nkhokwe ilibe masetilaiti.

Anadzagona kwathu, ndipo m'mawa tinakwera minibasi yoyamba. Anavala suti imene anagulira tsiku limene mwana wawo anamaliza maphunziro, chipewa pamutu, m'manja kathumba ka mtedza kopatsa woyendetsa mnzake wa mwana wawo. Msewu unali matope okhaokha, ndipo pamalo ena amuna tonse tinatsika kukakankha. Amalume anakankha ndi dzanja limodzi, lina litakweza buluku. Titafika pabwalo la ndege anatiyeza pa sikelo, ife ndi mtedza womwe. Amalume anafunsa mnyamata wa pa sikeloyo ngati mtedza wawo walowa giredi yoyamba.

Ndegeyo inali ya injini imodzi, kukula kwake ngati minibasi yotalikirapo. Pansi pa phiko panaima anthu awiri ovala malaya oyera a mizere pamapewa. Wina anali bambo waimvi, woyendetsa wamkulu, amene anapereka moni kwa amalume ndi manja awiri n'kulandira mtedza uja mwaulemu. Winayo anali msuweni wanga. Ine ndinali nditakonzeratu chipongwe changa, koma nditamuona akuzungulira ndege, akugwira apa ndi apo, nkhope ili pa ntchito, chipongwecho chinabwerera kummero. Amalume anaima patali pang'ono, kenako anavula chipewa. Iye atawaona anawayandikira n'kuwaveka chipewacho yekha, nawauza kuti dzuwa lingawawotche, ngakhale dzuwa kunalibe.

Anatikhazika mipando ya kumbuyo kwawo kwenikweni, natimanga malamba, natipatsa mahedifoni. Bambo waimvi uja anati lero woyendetsa ndi mwana wawo, iye angothandiza pa wailesi. Msuweni wanga anatichenjeza kuti ku Lusaka kuli mvula ndi mitambo yotsika, motero atera ndi njira yomwe ija ya patebulo. Anati tingacheze mmene tingafunire, koma akadzangonena kuti tayamba kutsika, pakamwa patsekedwe mpaka matayala agunde pansi.

Ponyamuka mtima wanga unatsalira pansi, koma amalume anali ngati mwana pa tsiku la Khirisimasi. Mphuno ili pazenera, ankapereka ndemanga pa munda uliwonse: uyu wapalira, uyu ndi waulesi, uyu feteleza anagulitsa. Anadabwa kuti mitsinje imakhota chotero, nati akanadziwa bwenzi akudutsa njira zachidule moyo wawo wonse. Anafunsa mbali imene kuli Chadiza, ndipo mwana wawo atawalozera kumanzere, kutali m'chizimezime, anakweza dzanja kupereka moni, poti mwina wina kumeneko waimika khasu.

Kenako tinakwera pamwamba pa mitambo, kumene dzuwa linali ngwee ndipo pansi panali ngati thonje loyanikidwa. Tinayenda nthawi yaitali mosagwedezeka, mpaka amalume anayamba kufotokozera bambo waimvi uja za kachikatoni kawo. Bamboyo anaseka, nati oyesa a kwawo angaphunzirepo kanthu.

"Tayamba kutsika," anatero msuweni wanga.

Tinalowa m'thonje muja ndipo dzuwa linazima. Mazenera onse anayera mbee monga pa laputopu paja. Koma panali chinthu chimodzi chimene laputopu sinatiuze: tebulo lathu lodyera silinkagwedezeka. Ndegeyo inayamba kudumphadumpha ngati ngolo pa mizere, nthawi zina n'kugwa mwadzidzidzi. Mvula inkamenya galasi n'kumathamangira chammbali. Ndinamva dzanja likugwira bondo langa, dzanja la munthu amene walima moyo wake wonse, ndipo silinagwire ngati likugwira mwanapiye.

Sindinacheuke, chifukwa nanenso ndinali ndi zanga. Thupi langa linkandiuza motsimikiza kuti tapendekera kumanja ndipo tikuzungulira. Ndinasuzumira pamwamba pa phewa la msuweni wanga kufunafuna zinthu ziwiri zokha zimene ndinkazidziwa pa mawotchi onsewo. Kamzere kanali pakati. Kadontho kanali pakati. Ndege ikadumpha, kadontho kankasuntha pang'ono, zala zake n'kusuntha pang'ono, kadontho n'kubwerera. Dzanja lake lina linali pa kandodo kowonjezerera moto, litangokhala phee. Bambo waimvi ankatchula kutalika kwathu kuchokera pansi, manambala akucheperachepera, mawu ake ngati munthu wowerenga mazira. Iye ankayankha liwu limodzi kapena awiri.

Manambala anatsika mpaka ndinayamba kuganiza za mitengo ndi mapolo a magetsi. Panja panali poyerabe. Bamboyo ananena kuti tayandikira malo osankhira kutera kapena kukweranso, ndipo ndinaona zala za msuweni wanga zikukhwima pa kandodo ka moto. Ndinakonzeka kukankhidwira kumpando.

Pomwepo mtambo unang'ambika. Poyamba ndinaona udzu wobiriwira wonyowa, pafupi kuposa mmene ndinkaganizira, kenako mzere wa nyale zowala ukuthamangira kutsogolo, ndipo kumapeto kwake msewu wakuda wonyezimira ndi madzi, utagona ndendende kutsogolo kwa mphuno ya ndege, osati kumanja kapena kumanzere. Zinali ngati wina waukoka n'kudzauika pamenepo chifukwa cha ife. Bamboyo anati msewu uwo, iye anati tikutera, ndipo posakhalitsa matayala anapsopsona phula, madzi akuthovoka m'mbali.

Ndinatembenuka kuti ndione nkhope ya amalume pa nthawi yaikulu chotere. Maso awo anali otsinzina zolimba, makwinya atasonkhana pamphuno, chipewa chitapendekeka, milomo ikuyenda ndi pemphero. Dzanja lina linali pa bondo langa, lina litafumbata kolona m'thumba la jekete. Ndinawagwedeza. Anatsegula diso limodzi.

"Tafika pa kansalu kaja?" ananong'oneza.

"Amalume, tatera kale."

Anatsegula linalo, nayang'ana panja pomwe ndege zina zinaima m'mizere, nakonza chipewa. Anandifunsa kuti mahedifoni aja akumveka kutsogolo kapena ayi. Ndinawauza kuti akumveka. Kutsogoloko mapewa awiri a mizere ankagwedezeka, koma palibe anacheuka.

Titatsika, mwana wawo anawafunsa mmene ayendera. Anayankha mwaulemu wonse kuti wayendetsa bwino, ndipo kadontho sikanachoke pakati. Iye anathokoza kwambiri chifukwa cha umboni umenewo. Ine ndinayenda chotsimphina mpaka pagalimoto, ndipo msuweni wanga anandifunsa mokweza kuti amuna anga, mwendo mwautani. Ndinati ndi nyamakazi ya nyengo ya mvula.

Tinagona kwa iye masiku awiri. Anatizungulitsa mumzinda, anagulira atate ake nsapato ndi amayi ake chitenje, kenako anatikweza basi yobwerera kummawa. Ulendo umene unatitengera kanthawi m'mwamba unatidyera tsiku lonse pamsewu. Basi itangotuluka mumzinda, amalume anandikodola nati ndiwauze zonse zimene ndinaona kuyambira pamene tinalowa mumtambo. Ndinawauza. Anafunsa chimene chinayamba kuoneka, udzu kapena nyale. Anafunsa mtundu wa nyalezo, ndi mmene dzanja la mwana wawo linakhalira, ndi mawu enieni amene bambo waimvi ananena. Titaima pa mlatho wa Luangwa kugula nsomba zouma, anandiuza kuti ndiyambirenso. Pofika ku Katete n'kuti akundikonza okha ndikalumpha kanthu.

Pakati pa ulendowo anatembenukira kuzenera, nsomba zili pamiyendo. Kenako ananena, osandiyang'ana, kuti ngakhale anatsinzina, mawu a mwana wawo ankawamva m'makutu nthawi yonse ija, ndipo mawuwo sananjenjemere ngakhale kamodzi. Anati mawuwo ndi omwe aja ankayankhira ali wamng'ono akamutuma kukatsekera mbuzi. Atatero anatsegula pepala la nsomba n'kundigawira.

Lamulungu lotsatira ndinapita ku Pembamoyo kukapemphera nawo pa katchalitchi ka kumudzi. Mapemphero atatha anthu sanabalalike. Anazungulira amalume panja, amuna atatsamira njinga zawo, amayi atakhala pa udzu, ndipo iwo anaimirira pakati atavala nsapato zatsopano. Anafotokoza za sikelo, za minda ya alesi, za thonje la kumwamba. Atafika pa mtambo anatsitsa mawu. Anafotokoza mmene unang'ambikira, udzu wonyowa, mzere wa nyale, ndi msewu utagona ndendende kutsogolo, ndipo kunena zoona anafotokoza bwino kuposa ine amene ndinaona. Pa mfundo iliyonse ankatembenukira kwa ine n'kufunsa ngati akunama, ine n'kumayankha kuti zinalidi choncho, pakuti zinalidi choncho.

Mkulu wina wa mpingo, mnzawo wa kalekale, anafunsa ngati sanachite mantha. Amalume anaganiza kaye. Anati mantha analipo, koma anali ndi mwana wa mlongo wawo pafupi amene ankafunika kulimbikitsidwa, motero anamugwira bondo ulendo wonse. Anthu anandiyang'ana mwachisoni, ndipo mayi wina anandiuza kuti ndisachite manyazi, aliyense ali ndi chimene amaopa. Ndinathokoza. Akazi a amalume, amene akhala nawo zaka zambiri, anayang'ana amuna awo, nayang'ana ine, kenako anadzuka n'kukutumula chitenje chatsopano chija, nati tiyeni kunyumba nkhuku isanapserere.